Dunstan: kodi ndi "mwala wakuda" zoona, nanga bwanji azungu eni ake salitchanso?

Funso: Ine ndi mayi akunyumba tikuyembekezera mwana wamwamuna mwezi wa mawa. Ndimafuna ndimutche Dunstan, dzina la malemu agogo anga aamuna omwe anakulira ku Likoma ndipo anali a Anglican. Koma mlamu wanga wafufuza pa foni n'kupeza kuti limatanthauza "mwala wakuda", nde akuti ndi dzina la tsoka, mwana adzakhala wouma mtima. Mnzanga wina ali ku UK akutinso zaka zonse wakhala kumeneko sanakumanepo ndi mzungu dzina lake Dunstan. Kodi ndi lachingerezi zoona? Tanthauzo lake lenileni ndi chani?

Yankho: Achimwene, zikomo pofunsa mwana asanabadwe, ambiri amafunsa dzina litalembedwa kale pa khadi ya kusikelo. Ndiyambe ndi kukuchotsani mantha: mutcheni mwanayo Dunstan. Alamu anuwo sananame kwenikweni, zomwe aona pa fonipo zili ndi kachoonadi kake, kungoti analiwerenga dzinali ngati mmene timawerengera Mavuto kapena Masiye, pomwe maina a Angerezi akale sankayenda choncho ayi. Mnzanu wa ku UK nayenso akunena zoona. Dzinali ndi lachingerezi chenicheni, kuposa John, Peter kapena James omwe anachita kubwera kuchokera ku Chiheberi ndi Chigiriki, koma kwawoko linazilala moti lero mukhoza kulipeza msanga ku Nkhotakota kusiyana ndi ku London.

Tiyambe ndi mawuwo. Dunstan ndi dzina la Chingerezi chakale chomwe ankayankhula anthu otchedwa Anglo-Saxon zaka zoposa 1000 zapitazo, chinenero choti mzungu wa lero mutamupatsa kuti awerenge sangatolepo kanthu. Lili ndi zigawo ziwiri, dun ndi stan. Chachiwiricho palibe amene amatsutsana nacho, stan ndi mwala, ndi mawu omwewa amene lero amati stone. Katchulidwe kanangosintha pang'onopang'ono, monga ban anasanduka bone, ham anasanduka home, bat anasanduka boat. Mu dzinamu stan anatsala mmene analili chifukwa ali kumapeto, komwe pakamwa sipaika mphamvu.

Nkhani ili pa dun. Kalelo kunali mawu awiri ofanana kalembedwe. Oyamba ndi dunn, mtundu woderako, pakati pa bulauni ndi kutuwa, tingoti mtundu wa bulu kapena wa mpheta. Mpaka pano oweta mahatchi ku England akati dun amanena hatchi ya mtundu umenewu. Onani kuti si wakuda bii ngati makala, mawu a chakuda analipo ena. Achiwiri ndi dun wokoka u, kutanthauza phiri kapena chitunda, ndipo ndi amene anabala dzina la zitunda za kumwera kwa England zotchedwa South Downs. Ngakhale down yemwe ana amaphunzira ku pulayimale uja anachokera pomwepa, poyamba ankati of dune, kutsika kuchoka paphiri. Nde Dunstan akhoza kumveka "mwala woderako" kapena "mwala wa paphiri". Akatswiri ambiri a maina amatsamira ku woderako, ndipo ine ndili nawo limodzi, chifukwa Dunn palokha linali dzina la munthu nthawi imeneyo pomwe dun wa phiri amapezeka kwambiri m'maina a malo. Koma amonke, amuna odzipatula kutumikira Mulungu osakwatira, omwe analemba mu Chilatini mbiri ya Dunstan wotchuka, akibishopu wa ku Canterbury yemwe ndimufotokoze kutsogoloku, analimva ngati mwala wa paphiri, wosagwedezeka, ndipo anali anthu oyandikira nthawi yake. Choncho mukamuuza mwana wanu kuti ndiwe thanthwe la paphiri simukunama, muli ndi mboni zakale kwambiri.

Koma apa ndi pomwe ndikufuna mumvetse bwino, chifukwa ndi pomwe alamu anu aphonya. Ife dzina ndi chiganizo. Mayi akatcha mwana Tadala, Chikumbutso, Ndaziona kapena Mwaiwathu, mudzi wonse umamva zomwe akunena, pena umadziwanso amene akunenedwa. Nde tikaona dzina lachilendo timafuna nalonso litiuze uthenga. A Anglo-Saxon ankachita zina. Anali ndi mulu wa tizigawo todziwika ta maina, monga wulf yemwe ndi chilombo chonga galu wamtchire, ead chuma kapena mwayi, æthel ulemu wa kubanja lachifumu, wig nkhondo, ric ulamuliro, stan mwala, nde ankangotenga tiwiri n'kulumikiza. Pena zimatuluka zomveka, pena ayi. Wulfstan ndi chani, mwala wa chilombo? Wigstan, mwala wa nkhondo? Panalinso bishopu wina wa ku Winchester dzina lake Frithestan, mwala wa mtendere. Palibe ankakhala pansi kumasulira zimenezi. Ntchito yaikulu ya tizigawoti inali kusonyeza kuti mwanayu ndi wa banja liti, pafupifupi ngati mmene ife timamvera mfunda, kuti awa ndi a Phiri awa ndi a Banda, osaganiza n'komwe za phiri lenileni.

Umboni wake uli pa Dunstan yemweyo. Bambo ake anali Heorstan. Mwaona? Heorstan kubala Dunstan, stan uja wangotsika kuchoka kwa bambo kupita kwa mwana. Mafumu a nthawi yake nawonso chimodzimodzi, Edward, Edmund, Eadred, Eadwig, Edgar, onse akuyamba ndi ead chifukwa ndi mbumba imodzi. Choncho makolo a Dunstan sankanena kuti mwana wathuyu ndi wakuda mtima kapena wouma ngati mwala, ankangoti uyu ndi wa kwa Heorstan. Ndipo mwala kwa iwo sichinali chinthu choipa, mfumu yoyamba kulamulira England yense inali Æthelstan, mwala waulemu, yemwe anakhala pa ufumu kuyambira 924 mpaka 939. Ife tomwe paja timatcha ana Petro osaopa kanthu, chonsecho nalonso ndi thanthwe.

Tsono chomwe chinalipatsa dzinali kulemera si dun kapena stan, ndi munthu mmodzi. Pakanapanda iye bwenzi litafa ngati Heorstan, lomwe palibe amalikumbuka.

Dunstan anabadwa cha m'ma 909 kufupi ndi Glastonbury m'chigawo cha Somerset, kumwera chakumadzulo kwa England. Ali mnyamata anapita kukatumikira kunyumba ya mfumu Æthelstan, ndipo kumeneko zinamuonekera zomwe ife timazidziwa bwino. Mwana wokonda mabuku, wodziwa kuimba zeze, mfumu ikumukonda, basi anzake nsanje. Anamunamizira kuti amaphunzira nyimbo zachikunja ndi zamatsenga, tingoti anamunena ufiti, mfumu inamuchotsa, ndipo akutuluka anyamata aja anamugwira, kumumenya, kumumanga n'kumuponya m'dzenje la matope onunkha. Ine ndikamawerenga pamenepa ndimaganiza za agogo athu m'midzimu omwe mpaka lero akumenyedwa pa mlandu womwewu. Dunstan anathawira kwa mbale wake Ælfheah, bishopu wa ku Winchester, yemwe anamuuza kuti akhale mmonke. Iye sankafuna, maganizo ake anali pa banja, mpaka anadwala zotupa thupi lonse n'kutsala pang'ono kufa, atachira ndi pomwe anavomera.

Anabwerera ku Glastonbury n'kumakhala m'kachipinda kakang'ono pambali pa tchalitchi, ndipo apa ndi pomwe ndimamukondera munthuyu, anali wa ntchito zamanja. Ankasula zitsulo, ankalemba ndi kujambula m'mabuku, ankaimba. Ku laibulale ya Bodleian ku Oxford kuli buku lakale lomwe linachokera ku Glastonbury, patsamba loyamba pali chithunzi cha Khristu ataimirira, wamtali kudzaza tsamba lonse, nde pansi kumapazi ake pali kammonke kakang'ono katagwada mpaka nkhope pafupi ndi dothi. Pamwamba pa kammonkeko pali mizere iwiri ya Chilatini yopempha Khristu wachifundo kuti anditeteze ine Dunstan. Akatswiri ambiri amakhulupirira kuti mawuwo analemba ndi dzanja lake. Tangoganizani, dzina lomwe mukufuna kupatsa mwana wanulo lilipo pa chikopa, lolembedwa ndi mwini wake zaka zoposa 1000 zapitazo, ndipo anadzijambula wamng'ono chonchija.

Za kukwera kwake pali nkhani ya ku Cheddar, komwe kunachokera dzina la tchizi chija. Mfumu Edmund nayo inali itamvera mabodza n'kufuna kumuthamangitsa. Tsiku lina ili kosaka, nyama yomwe inkathamangitsa inagwera kuphompho, agalu n'kutsatira, hatchi ya mfumu nayo ikuthamangira komweko osaimika. Mfumu inakumbukira zomwe inamulakwira Dunstan n'kulonjeza kuti ikapulumuka ikakonza, hatchi n'kuima m'mphepete penipeni. Olemba mbiri yake amatero. Chomwe chili chotsimikizika n'choti Edmund anamuika kukhala mkulu wa amonke ku Glastonbury m'zaka za m'ma 940, ndipo iye anasandutsa malowo sukulu yomwe inatulutsa atsogoleri a mpingo ambiri.

Nanga zoti wouma mtima? Mtima wolimba anali nawo, koma wolimba pa choonadi. Mu 956 mfumu yachinyamata Eadwig, tsiku lomwe inavekedwa ufumu, inathawa paphwando kusiya akuluakulu onse a dziko ali pansi n'kupita kukacheza ndi mtsikana kuchipinda. Onse ankangoyang'anana, Dunstan ndi bishopu wina ndi omwe anapita kukaitenga n'kuibweza pampando. Zinamudyetsa ntchito, anathawira ku Ghent, komwe lero ndi ku Belgium. Koma sipanathe nthawi, Edgar mng'ono wake wa Eadwig anamuitanitsa, anakhala bishopu wa Worcester, kenako London, ndipo mu 959 anasankhidwa kukhala akibishopu wa Canterbury, mpando womwe anakhalapo mpaka imfa yake pa 19 May 988. Pamodzi ndi Æthelwold wa ku Winchester ndi Oswald wa ku Worcester anadzutsanso nyumba za amonke zomwe zinali zitafooka pambuyo pa nkhondo za ma Viking, ankhondo apanyanja ochokera ku Scandinavia. Mu 973 Dunstan anaveka Edgar chisoti chaufumu ku Bath, ndipo mwambo wa tsiku limenelo, malumbiro a mfumu ndi kudzozedwa mafuta, ndi womwe unakhala maziko a mwambo wolonga mafumu a England. Amene munaonera pa TV kulongedwa kwa Charles III pa 6 May 2023, mizu ya zomwe munaonazo imafika kwa Dunstan.

Anthu wamba sankamukumbukira ndi zimenezi kwenikweni, iwo ankakonda nthano ya kuchipala. Amati tsiku lina akusula, Satana anabwera kudzamuyesa, Dunstan osayankha kanthu anangosiya mbaniro pamoto mpaka itafiira, kenako n'kumukanikiza nayo mphuno, Satana kukuwa mpaka kumveka mudzi wonse. Ina imati anamukhomera chitsulo cha kuphazi kwa hatchi ndipo anamumasula atalonjeza kuti sadzalowa nyumba yomwe pakhomo pake papachikidwa chitsulo chotero. Izi ndi nthano, zinakula iye atamwalira kale. Koma alamu anu akamati dzinali ndi la mdima, auzeni kuti kwa eni ake ndi dzina la munthu amene anaotcha Satana mphuno. Poti anali wosula zitsulo, osula golide ndi siliva ku England anamutenga kukhala nkhoswe yawo.

Nde chinachitika n'chani kuti lizilale? Zinthu zitatu zinaligwera motsatizana. Mu 1066 William wa ku Normandy analanda England, akuluakulu onse anakhala oyankhula Chifalansa, ndipo makolo anayamba kutcha ana maina a mabwana atsopanowo, William, Robert, Richard, Henry. Ife izi sitifunika kuuzidwa, tikudziwa mmene maina a makolo athu anachepera sukulu ndi mishoni zitafika, Angerezi nawo zinawachitikira zomwezo kwawo komwe. Maina akale omwe anapulumuka bwino ndi ochepa, monga Edward ndi Edmund, ndipo anathandizidwa ndi mfumu Henry III yomwe inatcha ana ake aamuna maina amenewa. Chachiwiri, kwa zaka pafupifupi 200 Dunstan ndiye anali woyera wokondedwa kwambiri ku England, koma mu 1170 akibishopu Thomas Becket anaphedwa m'tchalitchi cha Canterbury momwemo ndipo anthu onse anatembenukira kwa iye, ana n'kumatchedwa Thomas. Chachitatu ndi nthawi ya Henry VIII pomwe nyumba za amonke zinatsekedwa, Glastonbury inagwa mu 1539, ndipo kutcha ana maina a oyera akale kunayamba kuoneka ngati zachikatolika. Dzinali linatsalira pa matchalitchi, ngati St Dunstan-in-the-East ku London lomwe linaphulitsidwa ndi mabomba mu 1941 ndipo lero ndi kamunda ka maluwa mkati mwa zipupa zakugwa. Linatsaliranso pa kalendala ya buku la mapemphero la Anglican la 1662, pa 19 May.

Kalendala imeneyo ndi yomwe ikutifikitsa kwa agogo anu. M'zaka za m'ma 1830 ku Oxford kunabuka gulu la ansembe a Anglican omwe ankafuna kubwezeretsa miyambo yakale ya mpingo, ndipo limodzi ndi miyamboyo anafukulanso oyera a Chingerezi chakale, Dunstan, Cuthbert, Oswald, Wilfrid, Aidan, Chad. Mu 1857 David Livingstone anayankhula ku yunivesite ya Cambridge kupempha anthu apite ku Africa, pamenepo panabadwa mishoni ya Anglican yotchedwa UMCA (Universities' Mission to Central Africa), ndipo ansembe ake ambiri anali a maganizo a ku Oxford aja. Anafika ku Magomero mu 1861 ndi Bishopu Charles Mackenzie, yemwe anamwalira chaka chotsatira, mishoni inasamukira ku Zanzibar, kenako inabwerera kunyanja n'kukhazikika pa Likoma mu 1885. Tchalitchi chachikulu cha St Peter chija anayamba kumanga mu 1903. Munthu akamabatizidwa ankalandira dzina lachikhristu, ndipo ansembe amenewa, poti mitima yawo inali pa oyera akale a kwawo, maina omwe ankapereka ambiri anali omwewo. N'chifukwa chake m'mbali mwa nyanja, ku Likoma, Nkhotakota, Malindi, mpaka tsidya la Mozambique ndi ku Tanzania mumapeza madala otchedwa Dunstan, Oswald kapena Cuthbert, maina oti mzungu wa ku Manchester akawamva amadabwa. Ngakhale bishopu amene analowa m'malo mwa Donald Arden ku dayosizi ya Southern Malawi m'zaka za m'ma 1980 anali Dunstan Ainani.

Ndikudziwa ena anganene kuti nde ndi dzina la atsamunda, bwanji osangotcha lathu. Funso limenelo ndimalilemekeza, ndipo ine ndimakondwa ndikaona makolo achinyamata akubwerera ku maina a Chichewa. Koma inu simukutenga dzinali ku England, mukulitenga kwa agogo anu. Lakhala m'banja mwanu mibadwo itatu, latchulidwa pa maliro ndi pa maukwati, mwina agogo aakazi ankalitchula Dansitani ndipo ndi mmene inu mumalimvera mumtima. Limenelo ndi lanu tsopano. Ndipo chimandipweteka n'choti masiku ano kwachuluka chiphunzitso choopseza anthu ndi maina, munthu wakula bwinobwino ndi dzina la agogo ake kenako wina akumuuza kuti mavuto ako onse akuchokera pamenepo, lisinthe. Mabanja akudana ndi akufa awo omwe sanawalakwire chilichonse, chifukwa cha mzere umodzi womwe wina wawerenga pa intaneti osadziwa n'komwe kuti mawuwo ndi a chinenero chanji. Musalole zimenezo zilowe pa mwana wanu. Khalani pansi ndi mayi akunyumba, chifukwa iwo ndi amene ayenera kumasuka nalo kuposa alamu, muwafotokozere, ndipo ngati mukufuna muwonjezere la Chichewa pambali, Dunstan Thanthwe likumveka bwino ndithu ndipo maina awiriwo akunena chinthu chimodzi.

Chenjezo langa lili pa kalembedwe. Dzinali anthu amalisokoneza ndi ena atatu. Duncan ndi la ku Scotland, lochokera ku chinenero cha Gaelic, si dzina limodzi ndi Dunstan ngakhale nalonso chigawo chake choyamba chimanena za mtundu wa bulauni. Dustin ndi lina, lomwe linatchuka ku America. Dunston wokhala ndi o ndi dzina la malo ku England. Lanu ndi D-u-n-s-t-a-n, ndipo potchula mphamvu ili pa Dun, stan amangotsatira mopepuka. Polembetsa kuchipatala lembani nokha pa pepala ndi zilembo zikuluzikulu mupatse olembawo, ndipo muonetsetse musanachoke, chifukwa chilembo chimodzi chikasiyana pakati pa satifiketi yobadwira, ya sukulu ndi chiphaso cha unzika, mwanayo adzavutika nazo akadzafuna pasipoti zaka 20 zikubwerazi.

China chomwe ndingakupempheni, ngati muli ndi abale omwe akadali ku Likoma, atumeni akafunse ku parishi ngati kaundula wa ubatizo wa nthawi ya agogo anu alipo. Mamishoni ankasunga mabuku amenewa mosamala, ndipo kawirikawiri mumalembedwa tsiku la ubatizo, maina a makolo ndi mudzi, pena ndi dzina lomwe munthu anali nalo asanabatizidwe. Muyang'ane detilo. Likakhala kufupi ndi 19 May, mwadziwa kale chifukwa chomwe wansembe anasankhira Dunstan. Ndipo mukapezamo dzina lawo la kumudzi lija, mulilembe penapake, mwanayo adzalifuna.